Masewero asanu m'masiku asanu ndi limodzi: zomwe koleji ya Sewanee inachita mu 1899

Funso: Ndine mphunzitsi pa sekondale ina, ndipo ndimaphunzitsanso timu ya mpira ya pasukulupo. Ndinawerenga pa Facebook kuti kalekale ku America kakoleji kena kanasewera masewero asanu m'masiku asanu ndi limodzi, onse koyenda, n'kupambana onsewo osachinyidwa ngakhale kamodzi. Anyamata anga akasewera Loweruka ndi Lamulungu, Lolemba amabwera m'kalasi akutsimphina. Kodi nkhaniyi ndi yoona? Ngati ndi yoona, zinatheka bwanji, nanga timuyo ili kuti lero?

Yankho: Aphunzitsi, nkhaniyi ndi yoona, ndipo masiku, mizinda ndi zotsatira za masewerowo zinalembedwa m'nyuzipepala za nthawi imeneyo. Timuyo inali ya University of the South, sukulu ya mpingo wa Episcopal imene anthu amangoitchula kuti Sewanee, dzina la kamudzi komwe inamangidwa, pamwamba pa mapiri a Cumberland m'chigawo cha Tennessee, pakati pa mizinda ya Nashville ndi Chattanooga. Chaka chake ndi 1899, ndipo sukulu yonseyo inali ndi ophunzira 326 okha. Koma mpira wake si uwu wamiyendo umene mumaphunzitsa inu. Ndi uja wa ku America wosongoka mbali ziwiri, umene unachokera ku rugby, womwe wosewera amathamanga ataukumbatira pachifuwa mpaka adani atamugwetsa pansi. Masewero amenewa amaphwanya thupi kuposa athuwa, ndiye mukulondola kudabwa.

Ulendowo unayenda motere. Anyamata pafupifupi 20 anatsika phiri lawo n'kukwera sitima yapamtunda kulowera kumadzulo. Lachinayi pa 9 Novembala anali ku Austin, komwe anagonjetsa University of Texas 12 kwa 0. Usiku womwewo anakweranso sitima, ndipo Lachisanu ku Houston anathibula Texas A&M 10 kwa 0. Loweruka anatulukira ku New Orleans n'kukwapula Tulane 23 kwa 0. Lamulungu sanasewere, monga anyamata a sukulu ya mpingo. Lolemba pa 13 ku Baton Rouge anaswa LSU, yomwe ndi Louisiana State University, 34 kwa 0, ndipo Lachiwiri pa 14 ku Memphis anamaliza ndi Ole Miss, yomwe ndi University of Mississippi, 12 kwa 0. Mukaphatikiza, iwo anapeza mapointi 91 pomwe adani awo asanu sanapeze kalikonse. Mtunda womwe anayenda unali mamailosi pafupifupi 2,500, omwe ndi makilomita 4,000, kuposa ulendo wa pabasi wochoka ku Blantyre kukafika ku Johannesburg n'kubwereranso. Mpaka lero anthu a ku Sewanee akamasimba za ulendowu amamaliza ndi mawu a m'buku la Genesis, akuti tsiku lachisanu ndi chiwiri anapumula.

Chaka chonsecho anasewera masewero 12 ndipo anapambana onse. Asananyamuke ulendo uja anali atagonjetsa kale Georgia 12 kwa 0, Georgia Tech 32 kwa 0, Tennessee 46 kwa 0 ndi Southwestern Presbyterian 54 kwa 0. Atabwerako, patangopita masiku asanu ndi limodzi, anakhuthulira Cumberland mapointi 71. Pomwe chaka chimatha anali ndi mapointi 322, ndipo adani awo onse pamodzi anali ndi 10.

Funso loyenera kuyamba nalo ndi lakuti n'chifukwa chiyani munthu wanzeru zake angakonze ndandanda yotere. Yankho lake ndi ndalama. Masiku amenewo timu ya koleji sinkalandira thandizo lalikulu kuchokera ku sukulu, inkadzidyetsa yokha ndi ndalama za pageti. Sewanee inali pamwamba pa phiri, pakati pa nkhalango, kopanda anthu ambiri oti n'kudzaza bwalo. Chaka ndi chaka thumba lake linkadalira masewero amodzi, omwe inkasewera ndi Vanderbilt mumzinda wa Nashville pa tsiku la chikondwerero cha Thanksgiving. Mu 1899 matimu awiriwa anakangana pa kagawidwe ka ndalama za pageti, ndipo masewerowo anafera m'mazira. Amene zinamugwera pamutu anali manijala wa timuyo, Luke Lea, wophunzira mnzawo wa zaka 20. Iye anaona kuti ulendo wa ku Texas ungabweretse ndalama, koma mtengo wa sitima ndi chakudya sukanabwezedwa ndi masewero amodzi. Choncho anadzaza njira yonse yobwerera ndi masewero, mzinda uliwonse waukulu womwe njanji inkadutsa. Ulendo womwe lero umatchedwa chozizwitsa unayamba ngati njira yothawira ngongole.

Ndi bwino kumudziwa Lea ameneyu, chifukwa khalidwe lake likuoneka m'ndandanda ija. Mu 1907 anayambitsa nyuzipepala ya Nashville Tennessean, mu 1911 anasankhidwa kukhala senita wa Tennessee ali ndi zaka 31 zokha, ndipo kumayambiriro kwa 1919, ali msilikali ku Ulaya, anatenga anzake ochepa n'kulowa m'dziko la Netherlands ndi cholinga chokagwira mfumu ya Germany yochotsedwa pampando, Wilhelm II. Zinakanika. Mu 1934 analowa m'ndende ku North Carolina pa mlandu wokhudza kugwa kwa banki. Anali munthu wosaopa kuika zinthu pachiswe, ndipo mu 1899 zomwe anaika pachiswe anali matupi a anzake.

Nanga matupiwo anapirira bwanji? Apa pali zifukwa zingapo, ndipo zina zimachepetsako kudabwitsa kwa nkhaniyi pomwe zina zimakuonjezera.

Mpira wa 1899 unali wosiyana kwambiri ndi womwe mungaone pa kanema lero. Kuponyera mpira kutsogolo kunali koletsedwa, kunaloledwa mu 1906. Timu inkapatsidwa mipata itatu kuti isunthe mayadi asanu, ndipo njira yodalirika inali kuunjikana pamodzi n'kukankha. Amene wanyamula mpira ankakankhidwa ndi anzake kumbuyo, ena akumukoka kutsogolo, mpaka mulu wonse wa anthu utagwa. Kunalibe kuthamanga kwa mtunda wautali kobwerezabwereza ngati kumene anyamata anu amachita kwa mphindi 90. Malamulo ankanena zigawo ziwiri za mphindi 35, koma makaputeni ankatha kugwirizana zofupikitsa, makamaka mdima ukayandikira kapena sitima ikamadikira. Kufikitsa mpira kumapeto kwa bwalo, komwe amati touchdown, kunali mapointi asanu, ndipo kumenya mpira pakati pa mitengo pambuyo pake kunali pointi imodzi. Ndiye mukaona 12 kwa 0, dziwani kuti kawirikawiri ndi kuchinya kawiri basi.

Koma mbali inayo ndi yowawa. Anthu khumi ndi mmodzi omwewo ndi amene ankathira nkhondo komanso kutchinga kumbuyo, kuyambira poyamba mpaka pomaliza. Lero timu ya ku America imakhala ndi gulu lina lothira nkhondo, lina lotchinga, ndipo amasinthana mphindi iliyonse. Nthawi imeneyo ukatuluka m'bwalo sunkaloledwa kubwereramo, choncho munthu ankatuluka pokhapokha ngati sangathenso kuima. Zipewa zoteteza mutu sizinali zokakamiza mpaka 1939, ndipo ambiri ankangosunga tsitsi lambiri kuti liwateteze. Kaputeni wa Sewanee, Henry Seibels, amene anzake ankamutcha Diddy, anang'ambika pamphumi pa masewero oyamba ku Austin. Anamumata pulasitala n'kupitiriza, ndipo masiku otsatirawo anaseweranso. Mu 1973 dzina lake linaikidwa mu College Football Hall of Fame, nyumba yosungira mbiri ya akatswiri a mpira wa m'makoleji.

Chifukwa china chomwe anthu ambiri sachitchula ndi kalendala ya sukulu. Makoleji ena ambiri ankatseka m'miyezi yotentha ya Juni mpaka Ogasiti n'kutsegulira chakumapeto kwa Sepitembala. Sewanee inkachita zosiyana. Tchuthi chake chachikulu chinali m'nyengo yozizira, ndipo m'nyengo yotentha ophunzira ankakhala pasukulu, chifukwa makolo a kum'mwera ankakonda kuti ana awo akhale kuphiri kozizira nthawi imene malungo ndi yellow fever zinkasautsa m'zigwa. Zotsatira zake n'zakuti pomwe matimu ena ankayamba kusonkhanitsa osewera, a Sewanee anali atakhala limodzi miyezi, akudziwana ndiponso atalimbitsa matupi. Mphunzitsi wawo, Billy Suter, anaphunzira ku Princeton, imodzi mwa sukulu za kumpoto chakum'mawa komwe mpirawu unabadwira, ndipo anabweretsa luso lomwe kum'mwera linali lisanafalikire. Inu monga mphunzitsi mukudziwa kusiyana kwa timu yomwe yakonzekera miyezi itatu ndi yomwe yakumana sabata ziwiri zapitazo. Ine ndimakhulupirira kuti kalendala imeneyi ndi imene inapambanitsa Sewanee kuposa china chilichonse.

Tinenenso chilungamo pa za adani awo. Maina ngati Texas, LSU ndi Tennessee lero ndi zimphona, koma mu 1899 mpira unali wakhanda m'sukulu zimenezi. Texas, Tulane, LSU ndi Ole Miss zinayamba kusewera mu 1893, Texas A&M mu 1894, pomwe Sewanee inayamba mu 1891. Tulane sinapambane masewero alionse chaka chimenecho. Mayunivesite a boma a kum'mwera anali aang'ono ndi osauka, chifukwa dera lonselo linali lisanadzuke ku nkhondo yapachiweniweni yomwe inatha mu 1865. Ophunzira 326 sanali ochepa kwenikweni poyerekeza ndi anzawo. Texas yokha ndi imene inali timu yolimba pa ulendowo, ndipo mwamwayi kapena mwanzeru za Lea, anakumana nayo tsiku loyamba miyendo isanatope.

Pali munthu mmodzi amene ndimamva chisoni kuti nkhani za pa intaneti zimamudumpha. Dzina lake ndi Cal Burrows, bambo wachikuda amene anayenda ndi timuyo ngati wosamalira matupi a osewera. Usiku uliwonse m'sitima, anyamata aja akafuna kugona, ntchito yake inali kuwasisita minofu, kuthowa potupa ndi kumanga mabala, kuti m'mawa athe kudzuka n'kuvalanso yunifolomu. Timuyo inanyamulanso migolo ya madzi a pakasupe wa kuphiri kwawo poopa kuti madzi achilendo angawatsegule m'mimba, ndipo zonsezi zinkafuna manja a munthu. Osewera onse anali azungu. Sukuluyo inakhazikitsidwa mu 1857 ndi mabishopu a kum'mwera, ndipo mtsogoleri wawo, Leonidas Polk, anali ndi akapolo ambiri, kenako anadzakhala mmodzi wa akuluakulu a asilikali a mbali yofuna kusunga ukapolo. Mu 1896, zaka zitatu ulendowu usanachitike, khoti lalikulu la America linagamula kuti tsankho lolekanitsa azungu ndi akuda m'sitima ndi lovomerezeka. Burrows ankagwira matupi a anyamata amene malamulo sankamulola kusewera nawo kapena kuphunzira nawo m'kalasi imodzi. Mu ligi yaikulu ya kum'mwera, wosewera mpira wachikuda woyamba, Nate Northington wa ku Kentucky, analowa m'bwalo mu 1967. Mukamawasimbira ophunzira anu nkhaniyi, dzina la Burrows lisasowe.

Masewero ovuta kwambiri a chakacho sanali pa ulendo uja ayi. Anachitika pa 30 Novembala ku Montgomery, m'chigawo cha Alabama, pomwe Sewanee inakumana ndi Auburn. Mphunzitsi wa Auburn anali John Heisman, yemwe dzina lake lero lili pa chikho chomwe chimaperekedwa chaka chilichonse kwa wosewera wopambana onse m'makoleji a ku America. Anyamata a Heisman ankasewera mothamanga, osapatsa adani mpata wopuma pakati pa kugwa ndi kuyambanso, ndipo ndi okhawo amene anaboola chipupa cha Sewanee. Mapointi 10 aja onse anachokera kwa iwo. Masewerowo anachedwa ndi mikangano komanso anthu oonerera omwe ankalowa m'bwalo, mpaka woyimbira anawathetsa chifukwa cha mdima Sewanee ikutsogola 11 kwa 10. Heisman sanavomere. Analemba m'nyuzipepala kudandaula za kayimbidwe, ndipo a ku Auburn akhala akunena kuyambira pamenepo kuti anaberedwa. Patangopita masiku awiri, pa 2 Disembala ku Atlanta, Sewanee inagonjetsa North Carolina 5 kwa 0 n'kukhala akatswiri a kum'mwera. Masewero awiri omalizawa ndi amene amandionetsa kuti timuyi inali yabwinodi, chifukwa apa inakumana ndi anzake ofanana nayo mphamvu itatopa kale, koma inapezabe njira.

Kodi ndiye inali timu yopambana zonse m'mbiri, monga ena amanenera? Mu 2012 College Football Hall of Fame inachititsa chisankho cha okonda masewero, ndipo Sewanee ya 1899 ndi imene inapambana. Ine sindipita patali choncho. Mafumu a mpira nthawi imeneyo anali Harvard, Yale, Princeton ndi Pennsylvania, ndipo Sewanee sinakumane ndi iliyonse mwa izo. Akatswiri a dziko lonse a 1899 amawerengedwa kuti ndi Harvard ndi Princeton. Koleji yaing'ono ya kum'mwera imene inadzagwetsadi chimphona cha kumpoto ndi Centre ya ku Kentucky, yomwe pa 29 Okutobala 1921 inagonjetsa Harvard 6 kwa 0 pabwalo la Harvard pomwe. Chomwe ndinganene mosakayika n'chakuti palibe timu ina ya koleji imene inachitapo ulendo ngati wa Sewanee n'kubwerako yosachinyidwa, ndipo palibenso imene idzayesere, chifukwa palibe dokotala kapena bungwe la masewero lomwe lingalole.

Apa ndi pomwe ndikufuna mumvetsetse, aphunzitsi, chifukwa ndikudziwa mayesero omwe nkhani zotere zimabweretsa. N'kosavuta kuuza anyamata otsimphina kuti anzawo akale anali amuna enieni. Chonde musatero. Mpira wa nthawi imeneyo unkapha anthu. Mu 1905 mokha osewera osachepera 18 anamwalira ku America chifukwa chovulala pabwalo, ambiri a iwo ana a sukulu. Zinafika poti Pulezidenti Theodore Roosevelt anaitanitsa akuluakulu a mpira a Harvard, Yale ndi Princeton ku White House mu Okutobala chaka chimenecho. Mu 1906 malamulo anasinthidwa, ndipo makoleji anakhazikitsa bungwe lomwe mu 1910 linatenga dzina lakuti NCAA. Chaka chomwecho cha 1910 kukankha ndi kukoka wonyamula mpira kunaletsedwa. Anthu omwe anaona mpira umenewo ndi maso awo ndi amene anauthetsa. Anyamata anu akamatsimphina Lolemba, thupi likunena zoona: minofu imene yathamanga mphindi 90 imafuna masiku awiri kapena atatu kuti ibwerere m'malo, ndipo mwana amene akukula, makamaka ngati chakudya chili chochepa, ndiye amafunikira kupuma koposa. Ngati ndandanda ikukukakamizani kusewera Loweruka ndi Lamulungu, sinthanitsani osewera, ndipo amene wagunda mutu n'kuchita chizungulire asabwererenso m'bwalo tsiku limenelo. Zoti mutengere ku Sewanee ndi zinazo: kuyamba kukonzekera msanga anzanu asanayambe, kusamala madzi akumwa paulendo, ndi kukhala ndi munthu woyang'anira matupi a ana masewero akatha.

Tsopano za komwe timuyo ili lero. Sewanee inakhalabe yolimba kwa zaka zingapo, ndipo mu 1909 inatenganso ukatswiri wa kum'mwera. Koma dziko linkasintha. Mayunivesite a boma anayamba kulandira ophunzira zikwizikwi, kumanga mabwalo a simenti, kulemba aphunzitsi a malipiro apamwamba ndi kukopa osewera powalipirira sukulu. Sewanee inatsala ndi ophunzira mazana ochepa pamwamba pa phiri lake. Mu Disembala 1932, sukulu 13 zitakhazikitsa ligi ya Southeastern Conference, yomwe lero ndi imodzi mwa maligi olemera kwambiri a makoleji, Sewanee inali m'gulu la oyambitsa, makamaka chifukwa cha ulemu wa mbiri yake. Zomwe zinatsatira n'zomvetsa chisoni. Kuyambira 1933 mpaka 1940 inasewera masewero 37 a mu ligiyo ndipo inagonja onse 37, ambiri mwa iwo osapeza ngakhale pointi imodzi. Matimu omwe inkawakwapula mu 1899 ndi amene tsopano ankaipondereza.

Mkulu wa sukuluyo, Alexander Guerry, ndi amene anaitulutsa mu ligiyo mu 1940, ndipo patapita zaka zochepa sukuluyo inasiyiratu kulipirira ophunzira chifukwa cha masewero. Akale ena a pasukulupo zinawapweteka, koma ine ndimaona kuti Guerry anachita bwino. Kuti apikisane ndi Alabama kapena Tennessee, akanayenera kuthira ndalama za maphunziro mu mpira n'kudzaza makalasi ndi anthu obwerera masewero okha, ndipo ngakhale akanatero sakanawapeza.

Lero Texas, Texas A&M, LSU ndi Tennessee iliyonse ili ndi bwalo lolowa anthu oposa 100,000, ndipo masewero awo amaonetsedwa pa kanema dziko lonse. Sewanee ili ndi ophunzira osakwana 2,000 ndipo imasewera mu gawo lachitatu la NCAA, lotchedwa Division III, komwe palibe wosewera amene amalipiriridwa sukulu chifukwa cha mpira. Imagwiritsabe ntchito bwalo lomwe inayambira mu 1891. Mwa matimu 12 omwe inakumana nawo mu 1899, amene imasewera nayebe chaka ndi chaka ndi Southwestern Presbyterian, uja inamuchinya 54 kwa 0. Sukulu imeneyo inasamukira ku Memphis mu 1925, ndipo kuyambira 1984 imatchedwa Rhodes College. Awiriwa ali mu ligi imodzi ya makoleji aang'ono, Southern Athletic Association, pamodzi ndi Centre ija inagonjetsa Harvard.